Aud Egede-Nissen: wa kanema wa ku Norway kapena wa ku Germany?

Nachisale_Bergen
Abale anga pa gulu pano, mwaswera bwanji? Kuno mdima ukugwa 4 koloko isanakwane, mvula ya ku Bergen nayo mbiri yake mukuidziwa, ndiye madzulo ndimangodzitsekera m'nyumba n'kumaonera zakale. Sabata yatha ndinaonera filimu yopanda mawu ya 1928, Bergenstoget plyndret i natt, kutanthauza kuti sitima ya ku Bergen yaberedwa usiku wapitawu. Nkhani yake ndi yopepuka: anyamata othamanga pa ski, sitima pakati pa mapiri a chipale chofewa, kachikondi pang'ono, kuthamangitsana kwambiri. Njanji yake ndi yomweyi ndimadutsa ndikamapita ku Oslo, inatsegulidwa mu 1909. Koma chimene chandigoneka mochedwa si sitima ayi. Ndi mayi amene akusewera mtsikana wa m'filimumo, Aud Egede-Nissen. Anabadwira konkuno pa 30 May 1893. Ndafunsa anzanga atatu a kuntchito, obadwira mumzinda uno, palibe ndi mmodzi yemwe amene anamumvapo. Ine mmene ndawerengera mbiri yake ndikuti pa akazi onse a kanema woyambirira wa ku Norway, wamkulu ndi ameneyu. Alipo wotsutsa?

Kamdothi
Filimu yopanda mawu achemwali? Maola awiri kuyang'ana anthu akuyasamula pakamwa? Ife a ku video show timafuna wina azitimasulira, ngakhale azinama kkkk

Nachisale_Bergen
Achimwene, mawu amalemba pa sikirini apo ndi apo, ndipo nyimbo zimakhalapo. Mukatha mphindi khumi mumaiwala kuti anthuwo sakulankhula.

Bambo a Tadala
Wotsutsa alipo, ndine. Nachisale, mayi mukunenayo ndikumudziwa bwino, kungoti sindinamudziwire ku Norway. Ndinamuona mu Dr. Mabuse ya Fritz Lang ya 1922, akusewera Cara Carozza, wovina amene wagwa m'chikondi ndi chigawenga chotchedwa Mabuse. Chaka chomwecho ali mu Phantom ya Murnau, akusewera Melanie, mlongo wake wa mnyamata wa m'nkhaniyo, mtsikana amene watopa ndi umphawi wa pakhomo n'kuthawira m'mabala. Mu 1920 ali m'mafilimu awiri a Ernst Lubitsch, Sumurun ndi Anna Boleyn. Mu Anna Boleyn ndiye Jane Seymour, mkazi amene mfumu Henry ikumuponyera diso mkazi wake akadali moyo, ndipo mfumuyo ndi Emil Jannings. Tsono tawerengani: Lang, Murnau, Lubitsch. Onsewo ndi Berlin. Kunena kuti ndi katswiri wa kanema wa ku Norway kuli ngati kunena kuti mwana amene anapita ku migodi ya ku Joni ali mnyamata, n'kukagwira zaka makumi awiri, ndi mlimi wamkulu wa m'mudzi mwathu chifukwa mchombo wake unakwiriridwa kuno.

Nabanda wa ku Leeds
Pepani ndalowerera. Kodi si yemwe uja wa maso akuluakulu, amene anasewera Hamlet ali mkazi? Nielsen?

Chiko_Trondheim
Ayi anti, mwasakaniza anthu atatu. Wa Hamlet uja ndi Asta Nielsen, wa ku Denmark, nayenso anatchukira ku Germany. Palinso Aasta Nielsen, wa ma a awiri, wa ku Norway, amene anasewera Fante-Anne mu 1920. Aud ndi wina, wachitatu. Musadandaule, eni dziko omwe amawasokoneza awiri a Nielsen aja.

Nabanda wa ku Leeds
Zikomo mwanawe. Ndikhala chete ndizingowerenga.

Chiko_Trondheim
Bambo a Tadala, mfundo yanu ndaimva, koma ndikufunseni: mu 1913 mtsikana wa zaka 20 wofuna kuchita za kanema akanatsalira chiyani ku Norway? Aud anayamba pa siteji kuno ku Trondheim mu 1911. Filimu yake yoyamba anakajambulira ku Denmark mu 1913, ndipo amene anaitsogolera anali Bjørn Bjørnson, munthu wa ku Norway, mkulu woyamba wa Nationaltheatret, nyumba ya zisudzo ya dziko ya ku Kristiania, mzinda umene lero tikuti Oslo. Taonani, ngakhale mkulu woteroyo anachita kuoloka nyanja kuti akagwire kamera. Ku Copenhagen kampani ya Nordisk, imene inayamba mu 1906, inkatulutsa mafilimu oposa 100 pa chaka pamene inali pachimake. Ku Norway nthawi zina chaka chathunthu chinkadutsa popanda filimu yaitali ndi imodzi yomwe.

Ndipo chifukwa chake chilipo, si ulesi. Mu 1913 nyumba ya malamulo inakhazikitsa lamulo la kanema, limene linapatsa makhonsolo mphamvu yopereka ziphaso kwa oonetsa mafilimu. Makhonsolo ataona ndalama zimene zinkalowa pakhomo anati, chiphasochi bwanji tingodzipatsa tokha? Harstad inayamba chaka chomwecho, ena n'kumatsatira, mpaka Oslo mu 1926. Kumaiko ena mwini holo ya kanema ndi amene ankabweza phindu kuti pajambulidwe filimu ina, chifukwa ankafuna choti aonetse mawa. Kuno phindu linkalowa m'thumba la khonsolo n'kukagwira ntchito zina za mumzinda. Chitsanzo chodziwika ndi nyumba yosungiramo zithunzi za Munch, wojambula chithunzi chotchuka cha munthu wokuwa, imene inatsegulidwa ku Oslo mu 1963, inamangidwa ndi phindu la matikiti a kanema. Nyumba yabwino ndithu. Koma ojambula mafilimu ankangonyambita milomo.

Mjomba wa ku Joni
Ndiye kuti anthu ankalipira kuonera Charlie Chaplin, ndalama n'kukamangira nyumba zithunzi za munthu wokuwa uja? Koma azungu kkkk

Bambo a Tadala
Chiko mwana wanga, zimene wafotokozazo ndi zoona, koma zikungondithandiza ine. Wanena chifukwa chimene anachokera. Sunanene kuti sanachoke.

Nachisale_Bergen
Bambo, mwana wa ng'ona sakulira dziwe limodzi, koma amakhalabe ng'ona. Ndipo pali chinthu chimene simunatchule, chimene kwa ine ndi chachikulu kuposa Lang ndi Murnau. Mu 1917, nkhondo yoyamba ili mkati, mayi ameneyu ali ndi zaka 24 zokha anatsegula kampani yakeyake ya mafilimu ku Berlin, ya dzina lake, Egede-Nissen. Sanadikire kuti bwana wina amuitane. Anaitana azing'ono ake awiri, Gerd ndi Ada, n'kuwalemba ntchito. Ada ankasewera wapolisi wofufuza milandu pa dzina loti Ada van Ehlers. M'zaka zochepa anatulutsa mafilimu pafupifupi 30. Tayerekezani ndi zimene Chiko wanena za kwawo. Atsikana atatu a bere limodzi, ku dziko la eni, anajambula mafilimu ochuluka kuposa amene dziko lawo lonse linajambula m'zaka zomwezo. Ndiye mukati kanema woyambirira wa anthu a ku Norway, ine ndikuti mbali yake yaikulu inali ku Berlin, mu ofesi ya Aud.

Chiko_Trondheim
Ndiwonjezerepo kuti anafika pa nthawi yake. Nkhondo inatseka msika wa Germany, mafilimu a ku France ndi maiko ena adani analeka kulowa, ndipo mu 1916 boma linaletsa kuitanitsa mafilimu akunja. Maholo anali ndi njala ya zoonetsa. Timakampani ting'onoting'ono tinamera ngati bowa. Norway sinalowe nawo nkhondo imeneyo, ndiye munthu wa kumeneko ankatha kugwira ntchito ku Berlin. Kenako kumapeto kwa 1917 kunabadwa UFA, kampani ya mafilimu ya chimphona, ndipo nkhondo itatha timakampani tambiri tinamezedwa kapena kufa. Ya Aud nayo sinapite patali m'zaka za m'ma 1920. Apa m'pamene anabwerera kukasewera m'mafilimu a anthu ena, amene Bambo a Tadala akuwatchula aja.

Kamdothi
Mafilimu 30 amenewo alipo pa YouTube?

Chiko_Trondheim
Ambiri anatayika achimwene. Filimu ya nthawi imeneyo inali ya nitrate, imayaka ngati petulo, ikakhalitsa imaola yokha. Ndipo mawu atabwera, eni makampani ankaona ngati zakalezo ndi zinyalala. Aud anaseweranso Christine mu Das Phantom der Oper ya 1916, nkhani ija ya chilombo cha m'nyumba ya opera imene anthu akuimbabe mpaka lero. Nayonso inasowa. Zimene zinapulumuka za ku Norway amazisunga ku Mo i Rana, m'zipinda zozizira zoboola m'phiri, za laibulale ya dziko.

Mayi a Chisomo
Ndakhala ndikuwerenga kuyambira m'mawa, tsopano ndilankhule. Nonse awiri mukukangana za munthu amene anachoka. Nanga amene anatsala? Ine wanga ndi Aase Bye. Anabadwa mu 1904, analowa Nationaltheatret mu 1923 akusewera Solveig mu Peer Gynt, ndipo anakhala pomwepo mpaka 1974. Zaka 51 pa siteji imodzi. Mu 1926 anasewera Marit mu Brudeferden i Hardanger ya Rasmus Breistein, mtsikana amene makolo ake akukwera chombo kupita ku America, iye n'kukana chifukwa cha mnyamata, mnyamatayo n'kudzakwatira mwana wa munthu wolemera. Ndinalira ine, sindibisa. Mu 1930 ali mu Kristine Valdresdatter. Mu 1931 ndiye Alvilde mu Den store barnedåpen, filimu yoyamba ya mawu ya ku Norway, yonena za mtsikana wa m'fakitale amene wabereka mwana wopanda bambo, abusa n'kumavuta pa za ubatizo. Ameneyo ndiye nkhope imene anthu a ku Norway ankaiona m'maholo awo ikulankhula chilankhulo chawo. Mukafuna mfumukazi ya kanema wawo, ndi ameneyu.

Bambo a Tadala
Mwalasa mayi. Ndimafuna wina anene zimenezi.

Nachisale_Bergen
Mayi a Chisomo, Aase Bye ndimamulemekeza, koma tawerengani mafilimu ake, sadzaza zala za manja awiri. Chimene chinkamudyetsa ndi siteji. Anthu kuno amamukumbukira chifukwa cha Blanche wa mu sewero la Tennessee Williams ndi nyimbo za operetta, osati kanema. Kanema anali ganyu ya nthawi ya tchuthi. Breistein ankajambula m'chilimwe, nyumba za zisudzo zitatseka, ochita zisudzo ali pa holide, dzuwa likuchedwa kulowa. Ndiye mfundo yanga ndi yomweyo: ku Norway mkazi sankatha kukhala wa kanema basi. Ankayenera kusankha, siteji kwawo kapena kamera kwa eni. Aase anasankha siteji. Aud yekha ndiye anakhaladi moyo wa kanema.

Mayi a Chisomo
Ganyu imene anthu akuionerabe patatha zaka pafupifupi 100? Ganyu yabwino imeneyo, inenso ndiifuna.

Chiko_Trondheim
Kkkk. Koma pa za Breistein pali kanthu kamene kamusangalatse Kamdothi. Fante-Anne anaijambula ku Vågå mu 1920 ndi anzake a ku Det Norske Teatret, ndalama zinachokera ku Kommunenes Filmcentral, kampani ya makhonsolo omwe aja, ndiye tisawanyoze kotheratu. Chimene chinamuwawa n'choti chaka cha 1919 anthu a ku Sweden anabwera kudzajambula Synnøve Solbakken, nkhani ya mlembi wa ku Norway Bjørnstjerne Bjørnson, bambo ake a Bjørn uja, m'mapiri a ku Norway. Nkhani yanu, mapiri anu, ndalama n'kupita kwa aneba. Atamaliza filimu yake ankayenda nayo m'madera, iye mwini n'kumaimba vayolini, zeze wa kwawoko, pambali pa sikirini. Ndiye womasulira analipo achimwene, kungoti ankamasulira ndi zingwe.

Kamdothi
Ameneyo ndiye DJ weniweni. Ndayamba kumukonda.

Chiko_Trondheim
Chenjezo limodzi: liwu loti fant limene lili m'dzina la filimuyo ndi lonyoza anthu oyendayenda a mtundu wa Romani. Mukabwera kuno musamalitchule mwachisawawa. Ndipo ngakhale mafilimu atayamba kujambulidwa, mbali zazikulu za akazi nthawi zambiri zinkapita kwa alendo. Glomdalsbruden ya 1926 anaitsogolera Carl Dreyer wa ku Denmark, mkwatibwi wake Tove Tellback wa ku Sweden. Laila ya 1929, Mona Mårtenson, wa ku Sweden. Aud ali ku Berlin, aku Sweden ali ku Norway. Aliyense ankadya kwa mnzake.

Mjomba wa ku Joni
Ine chimene chandigwira mtima ndi banja lake. Ndaona kuti bambo ake, Adam Egede-Nissen, anali mkulu wa positi ofesi ku Vardø, kumpoto kwenikweni kufupi ndi Russia, phungu wa nyumba ya malamulo, ndipo ankathandiza kuzembetsa mabuku oukira mfumu ya ku Russia. Kenako anadzakhala mtsogoleri wa chipani cha Komyunisiti cha ku Norway kuyambira 1934 mpaka 1946. Bambo akulalikira kuti makampani akhale a anthu onse, mwana ali ndi kampani ku Berlin akulemba anthu ntchito. Pa Khirisimasi ankakambirana zotani pa tebulo?

Chiko_Trondheim
Ankolo, chipanicho chinabadwa mu 1923, kampani ya mwana inali itayamba kale, ndiye mkanganowo mwina unachedwa. Koma banjalo ndi lodabwitsadi. Ana asanu ndi awiri analowa zisudzo: Aud, Gerd, Ada, Oscar, Stig, Lill ndi Gøril. Ku Norway anthu a zisudzo a nthawi imeneyo ukawafufuza umapeza kuti ndi pachibale. Tancred Ibsen, amene pamodzi ndi Einar Sissener anatsogolera filimu yoyamba ya mawu imene Mayi a Chisomo atchula, anali mdzukulu wa mlembi wa masewero Henrik Ibsen kuchimuna ndi wa Bjørnstjerne Bjørnson kuchikazi. Ndiye kuti Bjørn Bjørnson amene anayambitsa Aud kanema anali malume ake enieni a Tancred. Kwathu tikanati mwini mbumba.

Kamdothi
Nanga amuna? Mkazi wotchuka chonchi sangalephere nkhani.

Mayi a Chisomo
Ndinadziwa kuti tifika pamenepa. Mwamuna akatsegula kampani timakamba za kampani. Mkazi akatsegula kampani timafunsa amene ankagona naye.

Nachisale_Bergen
Mayi mukunena zoona, koma apa ndimuyankha chifukwa zikukhudza ntchito. Mwamuna woyamba anali Georg Alexander, wa zisudzo wa ku Germany, ndipo ndi amene ankatsogolera ambiri mwa mafilimu a kampani ija. Dzina pa chitseko linali la mkazi. Mwana wawo Georg anabadwa mu 1915. Wachiwiri anali Paul Richter wa ku Austria, anakwatirana mu 1924, chaka chimene Richter anatchuka ngati Siegfried mu Die Nibelungen. Mu Mabuse, Richter ndiye Hull, mnyamata wachuma amene Cara watumidwa kukamukola. Ndipo mu filimu ya sitima imene yayambitsa zonsezi, mnyamata wa pa ski ndi Richter yemweyo. Kunena kwina, Aud anabwera kwawo mu 1928 atanyamula katswiri wa ku Germany m'chikwama, ndi ndalama za ku Germany zomwe, chifukwa filimuyo inali yogwirizana maiko awiri. Bambo a Tadala, pamenepa simungati sanalime m'mudzi.

Bambo a Tadala
Munda umodzi, nyengo imodzi. Chabwino, ndavomera kamunda kameneko.

Koma popeza mwandikumbutsa Cara, ndiloleni ndichoke pa mkangano pang'ono. Amene simunaonere, filimuyo ili m'zigawo ziwiri, yonse imapitirira maola anayi, ndipo Rudolf Klein-Rogge amene akusewera Mabuse amachita zambiri, kutuzula maso, kusintha nkhope ndi ndevu zomata. Aud sachita zimenezo. Cara atagwidwa n'kutsekeredwa, apolisi akufuna atchule dzina la bwana wake. Akumutumizira mpaka mayi wina wolemera kuti akanamizire kukhala mkaidi mnzake, amunyengerere. Iye osatchula. Akulankhula za mwamunayo ngati mmene munthu amalankhulira za Mulungu wake, mpaka mayi wotumidwa uja manyazi kumugwira, n'kukana kupitiriza ntchitoyo. Tsono Mabuse, amene sakhulupirira munthu, akumutumizira poizoni m'ndende momwemo. Taonani nkhope yake pamene wazindikira chimene chabwera ndi amene wachitumiza. Sakuwa, sagwa pansi. Ine ndinaphunzitsa ana zisudzo za pasukulu zaka zambiri, ndipo chovuta kwambiri kuphunzitsa mwana ndi kuima chilili osachita kanthu, anthu n'kumamvabe zimene zili mumtima mwake. Mayi ameneyu ankazitha. N'chifukwa chake ndikukana kumupereka ku Norway mwaulere. Luso limenelo linakulira m'ma studio a ku Berlin, pakati pa anthu amene ankajambula tsiku ndi tsiku.

Nachisale_Bergen
Apa ndiye mwandigonjetsa ndi ulemu, Bambo. Mabuse sindinaonere, ndiyamba usiku uno.

Nabanda wa ku Leeds
Ndinati ndikhala chete koma ndalephera. Anathera kuti?

Nachisale_Bergen
Anabwerera kwawo anti. Ukwati ndi Richter unatha mu 1931, nthawi yomwe mafilimu a mawu anali atalanda msika, ndipo kuyambira m'zaka zimenezo ntchito yake inali ku Norway, makamaka pa siteji, kusewera ndi kutsogolera masewero. Ndiye kumapeto kwake analowa njira yomwe ija ya Aase Bye. Pa kanema anangoonekera mwa apo ndi apo m'mbali zing'onozing'ono, monga mu Trysil-Knut ya 1942, ya Breistein yemwe uja wa zeze. Mwana wake, amene anatenga dzina loti Georg Richter, anakhala wa zisudzo wodziwika ku Norway, ndipo anamwalira mu 1972. Mayi ake anatsatira pa 15 November 1974 ku Oslo, ali ndi zaka 81.

Bambo a Tadala
Mawu anapweteka alendo ambiri ku Berlin. Nkhope ilibe katchulidwe, koma lilime limaulula kwanu. Ndipo mmene ndikuonera ine anachoka nthawi yabwino. Hitler analowa mu 1933. Mwana wa munthu amene chaka chotsatira anakhala mkulu wa Akomyunisiti akanakhala bwanji mumzinda umenewo?

Chiko_Trondheim
Pali mfundo ina imene ikumanga zonsezi pamodzi, Nachisale mwina mwaiona kale. Filimu ya sitima ija inachokera m'buku la 1923 limene analemba anyamata awiri a ku Bergen, Nordahl Grieg ndi Nils Lie, pa dzina lobisa loti Jonathan Jerv. Osindikiza anaika mutu wa bukulo pa tsamba loyamba la nyuzipepala ya Aftenposten, Pasaka itayandikira, moti unkaoneka ngati nkhani yeniyeni. Anthu anakhulupirira kuti sitima yaberedwadi. Buku linagulidwa ngati mandasi, ndipo mwambo wa kuno wowerenga nkhani za upandu pa Pasaka, umene amati påskekrim, amauyambira pamenepo. Tsono Nordahl Grieg ameneyo mu 1940 anakwatira Gerd, mng'ono wake wa Aud, yemwe uja wa ku kampani ya ku Berlin. Germany italanda Norway mu April chaka chimenecho, Grieg anathawira ku Britain. Usiku wa 2 December 1943 anakwera ndege ya nkhondo ya Lancaster ngati mtolankhani, ndipo inagwetsedwa pa ulendo wokaphulitsa Berlin. Mlamu wake wa Aud anafera pa mzinda womwewo umene unamupatsa Aud dzina.

Mjomba wa ku Joni
Eish. Ndiye filimu yeniyeni ndi banja limeneli, bwanji sanaijambule?

Mayi a Chisomo
Akajambula, Aase Bye apatsidwemo ngakhale mphindi zisanu, apo ayi sindionera.

Nachisale_Bergen
Ndafika pa ola loyamba la Mabuse. Cara wangotuluka kumene pa siteji akuvina, Hull ali m'gulu la oonera, Mabuse akumuyang'ana Hull kumbuyo kwa mutu. Bambo a Tadala, ndikuvomera kuti mkazi uyu si yemwe ndinamuona pa ski uja, uyu ndi woopsa. Koma mawa ndili pa shifiti ya 7 koloko, ndiima pompa. Pa Pasaka ndakonza zokwera sitimayo mpaka ku Finse, pamtunda wa mamita 1,222, ndikajambule chipale ndikuponyereni pano.

Kamdothi
Musunge chikwama bwino achemwali, anyamata a pa ski aja angakhale ali ndi zidzukulu. Ndipo mukafika pa za poizoni mundiuze ndi mphindi yanji, ine ndingoyambira pomwepo.

Bambo a Tadala
Kamdothi, ukayambira pomwepo sudzamva kanthu. Onera yonse.